Ukamva Dzina Lako pa Geti, Utuluke

Unit L, Chitungwiza

Mwana wanga Halima,

Lero sindinapite kumsika. Tomato ndangomufunditsa saka, aone yekha chochita ndi dzuwali. Iwe wapita ku Zengeza kukalukitsa tsitsi la ulendo, ndipo ine ndakhala pa tebulo la makina osokera ndi bolopeni ndi mapepala amene ndang'amba m'kope lako lakale la sukulu. Kalatayi ndikupatsa mawa tikamakwera kombi, minibasi ya kuno. Uiwerenge m'kombi momwemo, usadikire kuti uyambe wakhala m'ndege.

Ndalemba m'Chichewa dala. Ndikudziwa uwerenga modukizadukiza, chala chili pamzere, pakuti iwe Chichewa umamva bwinobwino koma pakamwa pako pamatuluka Chishona chokhachokha. Zilibe kanthu, wowerenga pang'onopang'ono salumpha mawu. Komanso pakamwa ndayesa ndalephera. Ndikangoti ndiyambe, iwe umandidula ndi mawu ako aja akuti, "Mhamha, munonyanya kufungira vanhu," kuti ati ndimakayikira anthu mopyola muyeso. Inde ndimakayikira, sindikana. Zaka zonsezi ndakhala ndikuunjika tomato patebulo, wokongola pamwamba, wophwanyika pansi. Ndimachita zimenezo ndi manja angawa, ndiye usandiphunzitse za kukhulupirira zooneka pamwamba.

Nkhani yanga ndi imodzi, Halima, ndipo ndi ya dzina lako. Ndikuopa kuti ukalitaya kumene ukupitako, ndipo ukalitaya sindidzakupezanso.

Tsiku lija anabwera kuno bambo amene wakupezera ntchito yosamalira okalamba ku dziko la Aluya, uja amadzitchula kuti Karimu, ndinamupatsa mpando wabwino ndi tiyi wamkaka. Ndinaona nsapato zake, ndinaona mafoni ake awiri, ndinaonanso fomu yako. Pafomupo panalembedwa Halima Saidi basi. Ndinafunsa kuti, "Nanga Tiyamike wapita kuti? Mwanayu mayina ake ndi atatu." Iye anaseka n'kuti, "Mhamha, musanetseke. Halima Saidi ndiro zita rinotengeseka ikoko. Tiyamike haritengeseki." Iwe unaseka naye limodzi, ine ayi. Munthu ananena m'nyumba mwanga, tiyi wanga ali m'manja, kuti dzina lako lina limagulitsika, lina siligulitsika. Ine ndine wamalonda, mawu akuti kugulitsa ndimadziwa pamene amagwira ntchito, ndipo sindinawamvepo akunenedwa pa mwana wa munthu. Anawonjezera kuti ukakafika uzikafunda kumutu, ndipo akakakufunsa ukangovomera kuti ndiwe Msilamu, za kutchalitchi usakatchule. Kufunda kumutu ndi ulemu kwa eni dziko, pamenepo ndilibe mawu. Koma kulowa m'nyumba ya munthu ndi bodza la chimene uli, kumeneko ndiye kwandikhalitsa pansi ndi bolopeniyi. Iwe milungu itatu yonseyi ukuimba ngakhale potsuka mbale, chinthu chimene sunachitepo chibadwire. Mbuzi ikakondwa amalonda ali pafupi, mwana wanga.

Sindinakuuze, koma ndinamufufuza. Paja anati anakulira ku Zengeza 1, ndiye ndinakwera kombi kupita kwa amayi amene amagulitsa masamba kumashopu kumeneko. Nditatchula Karimu, onse anangoti, "Hatimuzive," ati sakumudziwa. Nditawaonetsa chithunzi chake chimene unanditumizira pafoni, wina anati, "Uyu ndiFarai, takakura naye." Wina anatsutsa, akuti iye amamudziwa ngati Blessing, kuyambira nthawi imene ankalalikira m'tenti ndi kutumiza anyamata kuminda ya mphesa ku Joni. Ndisamunamizire, palibe amene anandiuza kuti anaba kapena anapha munthu. Mayi mmodzi anati mwana wake anapita kudzera kwa iyeyu ndipo amaimba foni. Koma mayi wina amene anali pambali pake anangotembenuka n'kuyamba kuwaza madzi pamasamba amene anali atawaza kale. Ndinamufunsa kawiri, sanandiyang'ane. Ndinabwerako ndi mayina atatu a munthu mmodzi, ndipo mtima wanga sunakhale pansi mpaka lero.

Safunsa anadya phula. Lachisanu lapitali ndinapita kumzikiti kuja timadutsa popita kuchipatala, ine yemwe, wa yunifomu ya amayi a kutchalitchi osonkhana Lachinayi. Ndinadikira panja mpaka atatha mapemphero, kenaka ndinapempha kuonana ndi ashehe. Ndi nkhalamba ya kwathu komweko, makolo awo anachokera cha ku Mangochi ngati anga, ndipo Chichewa chawo chimakoka Chiyao. Anandiyalira mkeka pakhonde. Ndinati, "Ashehe, pepani, ine si wa kuno, koma ndabwera kudzafunsa za mayina. Karimu ndiye kuti chiyani?" Iwo anati, "Wowolowa manja, wopatsa." Ndinaseka mokweza mpaka ndinachita manyazi. Nditawafotokozera, anapukusa mutu n'kuti, "Amayi, dzina ndi pemphero la makolo. Pemphero lina limayankhidwa, lina ayi. Koma dzina lodzipatsa wekha utakula, pofuna malonda, silikhalanso pemphero. Limenelo ndi chikwangwani cha pasitolo."

Anandiphunzitsa zambiri nkhalamba ija, zina zoti ndinakula ndikuzimva osazimvetsa. Akuti mayina amenewa anabwera ndi amalonda ochokera kunyanja yamchere, Ayao n'kuwatola, ndipo m'kamwa mwathu anafewa: Hasani anasanduka Asani, ndipo mawu awo otanthauza mwana wamkazi wa uje ndi amene ife timati Abiti. Juma ndi mwana wobadwa Lachisanu. Rajabu, dzina la bambo anga, ndi mwezi chabe wa pakalendala yawo, chimodzimodzi Shabani. Yusufu, Musa ndi Mariamu ndi anthu omwe aja timawawerenga kutchalitchi, Yosefe, Mose ndi Mariya, angovala zovala zina. Atafika pa Saidi anati ndi munthu wodala, wachimwemwe, ndipo ndinasekanso, pakuti malemu bambo ako ankamwetulira kawiri pachaka, pa Khirisimasi ndi tsiku limene timu yawo yawina. Nanga Salimu uja wa kuseri kwathu, akuti dzina lake ndi la munthu wosavulala, chikhalirecho mwendo womwewo wathyoka kawiri. Kenaka ndinafunsa lako. Anati Halima ndi wofatsa, woleza mtima. Pamenepo kuseka kunandithera, chifukwa ndinaona chimene bambo wa mafoni awiri uja akugulitsa: mtsikana wofatsa, wosayankha, wopirira chilichonse. Pomaliza ashehe anandifunsa dzina langa. Ndinati Mai Halima. Anati, "Limenelo ndi la mwana. Lanu?" Ndinati Chipo. Anandiyang'ana n'kuti, "Mwana wa Che Rajabu sangabadwe Chipo." Chimene ndinawayankha ndikuuza kumunsiku.

Tsopano ndikuuze za kupusa kwanga, kuti iwe usabwereze. Ndili mtsikana, bambo ako anandifunsira zaka ziwiri ndikuwakana. Chifukwa chake chinali dzina. Saidi linali dzina la agogo awo aamuna, kalaliki wa pafamu analisandutsa la banja lonse, ndipo ngakhale iwo anabadwira m'tchalitchi, aliyense womva dzinalo ankadziwa kuti ndi mubwidi, monga mmene ankatitchulira ife ana a anthu ochokera ku Malawi. Ine sindinkafuna kukhala mkazi wa mubwidi. Ndinkafuna Lovemore, kondakitala wa basi wa malaya oyera, ndipo dzina lake lokha linkandikomera m'khutu. Ndinamuchapira malaya amenewo chaka chathunthu. Tsiku lina anandipeza mayi wina wa ku Seke, mwana kumsana, wina kudzanja, n'kundithokoza mwaulemu kuti ndikumupeputsa ntchito yochapa. Anandiuzanso kuti ku St Mary's kuli mnzathu wachitatu amene amasita. Chikomekome cha mkuyu, m'kati muli nyerere. Bambo ako osamwetulira aja ndi amene anadzandinyamula pa wilibala kupita nane kuchipatala tsiku limene ndinapita padera. Choncho usayeze munthu ndi dzina lake, ngakhale likome chotani. Ukakafika ukapeza a Karimu ouma manja ndi a Amina, amene akuti ndi okhulupirika, oti sungawasiyire ngakhale sopo. Ukapezanso ena a mayina oopsa kumva amene adzakupatse madzi uli ndi ludzu, pakuti sindikunena kuti Aluya onse ndi oipa. Uziyang'ana zochita, ndipo uziyang'ana nthawi yaitali usanatsegule mtima.

Kupusa kwachiwiri ndi kumene ukufuna kuchita mawa. Ndakumva ukuuza mnzako pafoni kuti Karimu akasonkhanitsa mapasipoti a gulu lonse pabwalo la ndege, kuti asatayike. Tamvera. Ife obadwira m'mafamu ambiri tinalibe zitupa, koma ine ndinali nacho, pamodzi ndi khadi la kuchipatala. Mnzanga wina wa kufamu anabwera ali ndi pakati pa miyezi yake, alibe pepala lililonse, akulira kuti akamubweza. Ndinamubwereka khadi langa kuti akachire m'dzina langa. Ndinkadziona ngati munthu wachifundo kwambiri. Anakachira ndi opaleshoni, khadi anabweza, iye n'kusamukira ku Mozambique. Zaka zitapita ndinatenga mimba yako, nditataya kale awiri, ndipo ndinapita kusikelo ndi khadi lomwelo. Nesi anawerenga, anandivundukula pamimba, osapeza chipsera. Anawerenganso, n'kundifunsa kuti, "Ndimi ani chaizvo?" Ndinu yani kwenikweni? Nesiyo sanalakwe, khadi linkanena za mayi wina, wa magazi ena, wa matenda ena. Ndinayenda milungu iwiri ndi mimba yakupsa kufunafuna mboni yoti ine ndine ine, ndikuopa kuti iwenso undichoka panjira. Anadzandilembera khadi latsopano atandikalipira pamaso pa amayi onse a pabenchi. Dzina ukaliika m'manja mwa wina limabwerako ndi zipsera zimene si zako, ndipo nthawi zina silibwerako n'komwe. Pasipoti yako ikhale pathupi pako. Ndakusokera kathumba m'kati mwa siketi yabuluu ija. Wa pabwalo la ndege akaifuna, um'patse m'manja, uyang'ane akudinda, ulandire. Karimu akaifuna, umuuze kuti amayi anga ndi ovuta, anandilumbiritsa. Undinamizire chilichonse, ine ndazolowera kutchedwa wovuta.

Ndipo za Tiyamike usalole kuti zifufutike. Ife Achewa dzina timalemba ngati kalata yopita kwa anansi. Ukamva mwana akutchedwa Mavuto, Tilekeni kapena Ndaziona, dziwa kuti pakhomopo panadutsa zinthu, ndipo makolo ananena zakukhosi kudzera mwa khanda. Bambo ako atakunyamula koyamba, pambuyo pa awiri aja, anangoti, "Tiyamike." Limenelo ndi dzina lochokera kwa iwo, ndipo ndi chokhacho chimene anakusiyira chimene sichingathe ngati nsapato. Bambo wa mayina atatu asakuuze kuti ndi katundu wosayenda malonda.

Tsopano ndafika pamene ndakhala ndikuzungulira. Ndaimirira kawiri, ndamwa madzi, ndasesa pakhonde posafunika kusesa. Nkhani iyi bambo ako anapita kumanda osaidziwa.

Ine sindinabadwe Chipo. Ndinabadwa Asiyatu Abiti Rajabu, pafamu ya fodya cha ku Beatrice. Amayi anga, agogo ako amene sunawaone, anali a Halima. Ndili ndi zaka khumi ndi zinayi anandipezera ntchito ya m'nyumba ku Zengeza 1, kwa mayi wina mphunzitsi. Amayi anandiperekeza mpaka pamsewu, n'kuvula chitenje chawo cha maluwa achikasu kundipatsa, poti chinali chokhacho chosang'ambika. Nditafika, abwana aakaziwo anandifunsa dzina. Nditatchula, anati, "Zita rako rinonetsa. Pano unonzi Chipo." Akuti dzina langa ndi lovuta, pakhomopo ndikhala Chipo. Sanandikakamize, ndisawaipitse, anali munthu wabwino ndipo ndi amene anadzandithandiza kupeza chitupa m'dzina latsopanolo. Ine ndinakondwa. Ndinaona kuti Chipo palibe amene amamuseka pampopi, palibe amene amamufunsa ngati kwawo amadya mbewa. M'miyezi yochepa Chishona changa chinawongoka, ndipo atsikana a mumzere wathu ankandiyesa wa ku Murehwa. Kufamu ndinapita kamodzi, kenaka ndinayamba kupeza zifukwa.

Patatha zaka ziwiri, Loweruka lina masana, pakhomopo panali alendo ndipo ine ndinali kukhitchini ndi atsikana awiri oyandikana nafe, tikusenda mbatata. Ndinamva mawu kumsewu: "Odi kuno! Ndikufuna Asiyatu! Asiyatu Abiti Rajabu!" Ndinasuzumira pakatani. Anali amalume anga, Che Twaibu, mlongo wawo wa amayi. Anavala mkanjo woyera umene unali utafiira ndi fumbi, kofiya kumutu, nsapato za matayala kumapazi. Anali atayenda khomo ndi khomo kuyambira m'mawa, ndipo ana a mumsewu ankawatsata pambuyo akuimba kuti mubwidi, mubwidi. Anzanga aja anathamangira pawindo akuseka. Abwana analowa n'kundifunsa kuti, "Chipo, unovaziva here sekuru ava?" Ukuwadziwa akuluwa? Dzina langa lenileni analimva kamodzi kokha tsiku lofika lija, linali litawachoka kalekale, ndiye ankafunsa moona mtima. Anzanga anandiyang'ana. Ndinati, "Kwete, handivazive." Sindikuwadziwa.

Mumtima ndinkadziuza kuti abwera kudzanditenga kuti ndikakwatiwe ndi wina wa kuzigafa za fodya, ndipo ngati ndi nkhani yofunika adzabweranso. Ndinamva abwana akunena pageti kuti, "Pano hapana anonzi Asiyatu," ati pakhomopo palibe wa dzina limenelo. Amalume anathokoza mwaulemu. Koma sanachoke msanga. Pachingwe cha pabwalo panali zovala zimene ndinachapa m'mawa, ndipo pakati pake panali chitenje cha maluwa achikasu chija. Anachiyang'ana. Kenaka anayang'ana pawindo la khitchini, ine n'kubwerera m'mbuyo. Anaitananso kamodzi, motsitsa mawu, "Asiyatu." Nditasuzumiranso anali akupita, ana aja ali pambuyo. Ndinabwerera ku mbatata zanga ndipo ndinaseka nawo anzanga.

Patapita milungu itatu ndinakumana ku Mbare ndi mayi wina wa kufamu kwathu, amene anandigwira dzanja n'kuyamba kundipepesa. Sindinadziwe chimene akupepesa. Amayi anali atamwalira masiku anayi chibwerereni amalume. Anadwala chifuwa mwezi wathunthu, bambo ali kumunda tsiku lonse, popanda mwana wamkazi wowatembenuza kapena kuwamwetsa phala. Akuti ankangofunsa ngati Asiyatu wafika. Ndinakwera basi tsiku lomwelo, ndinakapeza mulu wa dothi. Anthu onse ankandimvera chisoni kuti uthenga sunandipeze, tauni ndi yaikulu. Amalume sanatsutse. Anandiperekeza kumanda, anaima pambali mpaka nditatopa kulira, ndipo pobwerera anandifunsa funso limodzi lokha, mofatsa: "Chitenje chija chinauma?" Sanadzanenenso kanthu mpaka imfa yawo, ndipo sanauze munthu. Mpaka lero kutchalitchi akamawerenga za Petro pabwalo la mkulu wa ansembe, ine ndimatuluka ngati ndikupita kuchimbudzi.

Ndinkakuuza kuti ndinakutcha Halima chifukwa ndi dzina lokoma. Linali bodza. Ndinakutcha kuti tsiku lililonse ndiziitana amayi anga, wina n'kumayankha. Ndipo Lachisanu lija pakhonde la mzikiti, ashehe atakana kuti sindine Chipo, ndinatchula dzina langa koyamba pa zaka zoposa makumi atatu. Iwo anati, "Asiyatu. Limenelo ndi dzina la mfumukazi ya ku Iguputo imene inalera Musa. Akuluakulu amati limanena za munthu wotonthoza, wosamalira odwala." Ndinalira pamkeka wa eni, pamaso pa anthu osawadziwa. Makolo anga anandipempherera chinthu chimodzi chokha pondipatsa dzina, ndipo tsiku limene chinafunika ndinali kusenda mbatata za alendo. Lero mwana wanga akupita kukatembenuza amayi a anthu ena kutsidya kwa nyanja, ndipo wina wayamba kale kumudula dzina asananyamuke.

Ndiye ukamati ndimakayikira Karimu popanda umboni, ukunena zoona, umboni ndilibe. Mwina ndi munthu wabwino amene dziko linamupanikiza ngati mmene linandipanikizira ine. Koma munthu wosintha dzina ndimamudziwa kuchokera m'kati. Ndimadziwa kuti akhoza kuyang'ana m'bale wake pawindo n'kunena kuti sakumudziwa, pambuyo pake n'kudya chakudya chake bwinobwino. Ngati ine ndinatero kwa amalume anga, iyeyo adzalephera chiyani kwa iwe, tsiku limene ndidzamuimbire foni kufunsa kuti mwana wanga ali kuti?

Sindikukuletsa. Ndiwe wamkulu, satifiketi yako yakhala m'kabati zaka zitatu, ndipo ndakuona ukubisa misozi pobwera kofuna ntchito m'tauni. Koma undichitire izi. Akakakupatsa dzina lina m'nyumbamo, ponena kuti lako ndi lovuta kapena kuti wantchito wakale ankatchedwa mwakuti, ukakane mwaulemu tsiku loyamba lomwelo. Ukalola tsiku loyamba, lachiwiri sudzathanso. Akakufunsa za chipembedzo ukanene zoona, kuti agogo ako anali Asilamu, iwe ndiwe Mkhristu, ndipo dzinali ndi la agogowo. Akakubweza chifukwa cha zimenezo, bwerera, tebulo la tomato likwana anthu awiri. Anthu oyandikana nawo, wogulitsa m'sitolo, atsikana anzako ochokera kuno, onse akudziwe ndi mayina ako atatu, kuti wina akadzabwera kudzafunsa pasadzapezeke wonena kuti kuno kulibe munthu wotero. Kufatsa kumene kuli m'dzina lako ndi kwa agogo ako, amene ankatha kuyang'ana kapitawo m'maso osakweza mawu. Sikutanthauza kuti uzingoti inde.

Ashehe akuti kumeneko Lachisanu ndi tsiku lopuma. Uziimba foni Lachisanu lililonse, ngakhale kwa mphindi imodzi. Ndikayankha, uziyamba ndi kunena kuti, "Ndine Halima Tiyamike Saidi," onse atatu, m'Chichewa chako chokhotacho. Ukadzangoti Halima basi, ndidzadziwa kuti pambali pako paima munthu ndipo sukutha kuyankhula. Pamenepo sindidzafunsa zambiri. Ndidzayamba ndi khomo la mayi ake a Farai ku Zengeza 1, pakuti ndinalipeza kale ndipo ndalemba nambala ya nyumbayo kuseri kwa kalendala. Ndidzapita kumaofesi onse a ku Harare ndi mayina ako atatu mpaka atatopa nane. Zimenezi usauze Karimu, usauzenso mnzako aliyense wa paulendowu, ngakhale uja umati ndi mchemwali wako.

M'kathumba ka m'siketi muja mulinso kansalu kakang'ono ka maluwa achikasu, kofwifwa. Usakataye poganiza kuti ndi chigamba chotsalira. Chitenjecho chakhala pansi pa sutikesi yanga zaka zonsezi, ndipo dzulo ndi pamene ndinachidula koyamba.

Chotsiriza ndi ichi, mwana wanga. Kaya zikakuyendera bwino n'kuyamba kuchita nafe manyazi, kaya zikakuvuta n'kuchita manyazi kuti tikuone mmene wakhalira, manyazi ndi amodzi ndipo ndimawadziwa. Tsiku lina ukadzamva munthu pageti akuitana dzina lako, lililonse mwa atatuwa, kaya wavala zosekesa, kaya anzako akuyang'ana, udzasiye chimene wagwira ndipo udzatuluke. Akhoza kudzakhala ine. Ndipo ine sindili ngati amalume, sindidzayang'ana chitenje n'kubwerera.

Ndikumva mawu ako kumsewu, ukuseka ndi anzako. Ndipinde pepalali usanalowe. Pansipa ndikulemba dzina limene silili pachitupa changa, ndipo ukadzaimba Lachisanu loyamba udzanditchule nalo kamodzi, ndimve mmene limamvekera wina akamaitana ine n'kuyankha.

Ndine mayi ako,
Asiyatu Abiti Rajabu